Komwe Kuli Athu: Ekurhuleni, kwawo kwa Mayi Wendy Luhabe

Mmalawi akangotsika ndege pa bwalo la OR Tambo, amayatsa foni n'kuuza akumudzi kuti wafika ku Joni. Sakunama, koma wapitirira pang'ono. Bwaloli lili ku Kempton Park, ndipo Kempton Park sali mu mzinda wa Johannesburg. Ali m'dera lina lomwe lili ndi meya wake ndi khonsolo yake, dzina lake Ekurhuleni. N'komwe tafika sabata ino paulendo wathu woyendera malo omwe abale athu adapondako ndi omwe akukhalako kunja kwa dziko.

Dzinali ndi la Chitsonga, kutanthauza malo a mtendere, ndipo si lakale. Lidabwera mu 2000 pomwe boma lidamanga mtolo umodzi matauni a kum'mawa kwa Johannesburg omwe akuluakulu amangowatchula kuti East Rand: Germiston, komwe kuli likulu, Boksburg, Benoni, Brakpan, Springs, Nigel, Alberton, Edenvale ndi Kempton Park. Kuseri kwa matauniwa kuli malokeshoni omwe boma la tsankho lidamangira anthu akuda, monga Tembisa, Katlehong, Thokoza, Vosloorus, KwaThema, Duduza ndi Daveyton. Kalembera wa 2022 adapeza anthu oposa 4 miliyoni m'derali. Mutaphatikiza a mu mzinda wa Lilongwe ndi a mu mzinda wa Blantyre, simungafikebe.

Amene adasankha dzina la mtendere ankapempha chomwe deralo lidasowa. Pakati pa 1990 ndi 1994, ku Katlehong, Thokoza ndi Vosloorus anthu ankaphana usana ndi usiku pa nkhondo ya otsatira ANC ndi a Inkatha. Chris Hani adawomberedwa pakhomo pake ku Dawn Park, Boksburg, pa 10 April 1993. Koma n'kuno komwenso, ku Kempton Park, komwe zokambirana za CODESA zothetsa ulamuliro wa tsankho zidayambira mu December 1991. Ife a mayiko oyandikana nawo tili ndi chipsera chathu: mu May 2008, pa zipolowe zothamangitsa alendo, Ernesto Nhamuave wa ku Mozambique adatenthedwa wamoyo m'komboni ya Ramaphosa, kufupi ndi Boksburg.

Ndege ikamatsika, khalani cha kuwindo. Mudzaona zitunda zachikasu, zosalala pamwamba ngati tebulo, zitaima pakati pa nyumba ndi mafakitale. Mulungu sadazilenge zimenezo. Ndi mchenga wotsala pogaya miyala ya golide, ndipo wina mwa mchengawo udatuluka pansi ndi thukuta la agogo athu omwe adapita kumigodi kudzera ku Wenela ndi Theba. Mphepo ya August ikamawomba, fumbi lake limalowa m'maso ndi m'mbale, amayi a m'malokeshoni oyandikira n'kumathamangira kukanula zovala pachingwe. Mgodi wa ERPM ku Boksburg udayamba mu 1893, ndipo fakitale yoyengera golide ya Rand Refinery ku Germiston idakhazikitsidwa mu 1920. Lero makampani akugayanso zitundazo kuti atole golide yemwe makina akale adamusiya, choncho mapiri a agogo athu akuphwa pang'onopang'ono.

Mnyamata wina wa ku Kasungu adagwirapo ntchito kuno, pa mgodi wa Witwatersrand Deep ku Boksburg. Anali Hastings Kamuzu Banda. Chomwe chidamuchotsa pamgodi si malipiro ayi, koma mpingo wa African Methodist Episcopal, womwe kudzera mwa Bishopu Vernon udavomera kumulipirira sukulu ku America, komwe adapita mu 1925. Kaya munthu amamukonda Kamuzu kaya samukonda, mbiri ya dziko lathu idakhota pomwe wina adatulutsa fizi ya mwana yemwe sanali wake. Ndiye poyenda m'derali ndinkafunafuna munthu wa kuno yemwe moyo wake wazungulira pa nkhani yomweyo. Ndidamupeza ku Daveyton.

Daveyton ndi lokeshoni ya Benoni, yomwe idamangidwa m'zaka za m'ma 1950 n'kupatsidwa dzina la William Davey, meya wa Benoni nthawi imeneyo. Eni ake amanyadira kuti yawo ndiyo idayamba kukhala ndi magetsi pakati pa malokeshoni a anthu akuda. Koma magetsiwo asakupusitseni. Malowa adawaika kutali ndi tauni, nyumba zofanana ngati mabokosi a machesi, anthu atagawidwa m'zigawo potengera mitundu yawo, Mzulu uku, Msuthu uko. Cholinga chinali chimodzi: munthu agone, adzuke m'bandakucha, akwere sitima kukagwira ntchito ya mzungu, abwerere dzuwa litalowa. Sukulu nayo idapangidwira zomwezo. Lamulo la Bantu Education la 1953 lidakonzedwa kuti mwana wakuda aphunzire zongomukwanira kumva malamulo a bwana, ndipo Hendrik Verwoerd, yemwe adalibweretsa, sankabisa n'komwe kuti saona chifukwa chophunzitsira mwana wotere masamu.

Wendy Luhabe adabadwa mu 1957, lamuloli lili ndi zaka zinayi, ndipo kwawo ndi ku Daveyton. Adadzera pa yunivesite ya Fort Hare, pomwe athu Orton Chirwa ndi Masauko Chipembere adaphunziranso zaka zam'mbuyomo, kenako n'kuwoloka malire kupita ku Lesotho, komwe adatenga digiri ya zamalonda mu 1981. Mtsikana yemwe boma lidamuikira malire pa masamu adakaphunzira kuwerengera ndalama kudziko la eni. Adagwira ntchito zaka pafupifupi khumi m'makampani, makamaka ku BMW, yomwe idawatumizako ku Germany ndi ku America.

Mu 1991, Mandela atangotuluka m'ndende chaka chapitacho, Mayi Luhabe adasiya ntchito yolembedwa n'kuyambitsa kampani yawo, Bridging the Gap. Adaona msanga vuto lomwe andale sankalikamba. Zitseko za maofesi zinali pafupi kutseguka, koma mnyamata wa ku Tembisa wokhala ndi digiri anali asadalowepo m'chipinda cha msonkhano wa mabwana, ndipo mabwanawo anali asadakhalepo tebulo limodzi ndi munthu wakuda yemwe sadabwere kudzathira tiyi. Kampaniyi inkakonzekeretsa achinyamata akuda kulowa ntchito zapamwamba, kwinaku ikuphunzitsa makampani momwe angawalandirire. Digiri payokha siuza munthu nthawi yoyankhula ndi nthawi yokhala chete, ngakhale momwe angapemphere kukwezedwa malipiro. Ana a mabwana amaphunzira zimenezi pakudya mgonero kunyumba. A ku lokeshoni adayenera kupeza wowauza.

Ntchito yomwe idawatchukitsa idabwera mu 1994. Iwo pamodzi ndi amayi anzawo atatu, Louisa Mojela, Gloria Serobe ndi Nomhle Canca, adasonkha mpamba wa R500 000 n'kuyambitsa Women Investment Portfolio Holdings, yodziwika kuti WIPHOLD. Nthawi imeneyo makampani akuluakulu a azungu adayamba kugulitsa masheya kwa anthu akuda, ndipo zinkaoneka kale kuti ogulawo akhala abambo okhaokha, makamaka odziwana ndi andale. Amayi anayiwa sadadikire kuitanidwa. Adazungulira dziko, m'matauni ndi m'midzi, kuchititsa misonkhano yofotokozera amayi kuti sheya n'chiyani, phindu lake limabwera bwanji, ndipo chifukwa chiyani ndalama yake siitapidwa mawa lomwe.

Apa mpomwe Mmalawi angamve nkhaniyi bwino kuposa mzungu wa ku London. Amayi a ku South Africa anali kale ndi magulu awo osonkherana ndalama otchedwa stokvel, omwe kwathu kuno tingawafanizire ndi chipereganyu kapena banki mkhonde. Mayi yemwe wasunga buku la gulu zaka khumi, amene amadziwa kulondola ngongole ndi kugawa phindu mu December popanda wolira, simungamuuze kuti sadziwa ndalama. Chomwe ankasowa ndi khomo lolowera komwe kuli ndalama zikuluzikulu. Ndalama ya chipereganyu imathera pa mapoto, mabulangete ndi maliro, n'kubwerera m'thumba la mwini sitolo. WIPHOLD inkati ndalama yomweyo igule gawo la sitoloyo. Mu 1997 kampaniyi idagulitsa masheya kwa amayi okhaokha, ndipo amayi pafupifupi 18 000 adasonkha R25 miliyoni. Mu 1999 idalowa pa msika wa masheya wa Johannesburg, yoyamba ya amayi kutero.

Tisakometse mopitirira. Kampaniyi sidakhalitse pa msikawo, idatulukapo mu 2003, ngakhale ikadalipo mpaka lero. Ndondomeko yonse yopatsa anthu akuda gawo m'makampani, yomwe kumeneko amaitchula kuti BEE, imadzudzulidwa kwambiri kuti idalemeretsa anthu ochepa omwe mayina awo amangobwerezedwa m'mabodi, pomwe ku Etwatwa, pafupi ndi Daveyton pomwepo, anthu akadali m'zisakasa za malata. Mayi Luhabe nawo ndi mmodzi mwa omwe adakwera pamwamba m'nyengo imeneyi: adakhalapo wapampando wa Vodacom komanso wa Industrial Development Corporation, bungwe la boma lobwereketsa ndalama kumafakitale, ndipo amuna awo, a Mbhazima Shilowa, adalamulirapo chigawo cha Gauteng kuyambira 1999 mpaka 2008. Wofuna kuwaponyera mwala sangasowe pogwira. Komabe ine ndimaona kusiyana pakati pa munthu yemwe adalandira masheya m'chipinda chotseka ndi yemwe adayamba wakaima m'holo ya tchalitchi kufotokozera anamwino ndi aphunzitsi kuti nawonso angakhale eni.

Ku maphunziro adalowa njira ziwiri. Mu 2002 adatulutsa buku lotchedwa Defining Moments, lokamba zomwe anthu akuda oyamba kufika pa maudindo akuluakulu m'makampani adakumana nazo, ndipo phindu lake adaliika m'thumba lolipirira maphunziro a atsikana ochokera m'mabanja osauka. Njira yachiwiri ndi yolera achinyamata pantchito, kuwalangiza mmodzimmodzi, zomwe akhala akuchita ndi kulimbikitsa kwa zaka zambiri. Izi sizikhala ndi chikwangwani ngati chipinda cha sukulu chomwe wolemera wamanga, ndipo nduna siibwera kudzadula riboni. Kwathu timadziwa bwino za wachifundo yemwe amabwera ndi makamera kudzapereka madesiki makumi awiri. Wolipira fizi ya mtsikana mmodzi kuyambira chaka choyamba mpaka kuvala gauni sitimumva kawirikawiri, chifukwa ntchito yake imatenga zaka zinayi ndipo chithunzi chake chimajambulidwa kumapeto.

Mu 2006 Mayi Luhabe adavekedwa ukulu wa University of Johannesburg ngati Chancellor wake woyamba, mpaka mu 2012 pomwe adasiyira wolemba mabuku Njabulo Ndebele. Yunivesiteyi idabadwa mu 2005 pophatikiza masukulu angapo, ndipo yaikulu mwa iwo inali Rand Afrikaans University, yomwe idamangidwira ana a Mabunu. Ganizirani mayi wa ku Daveyton atakhala pampando wapamwamba m'holo imeneyo, ana akubwera mmodzimmodzi kudzalandira madigiri pamaso pake. M'mtolo womwewo mudalowanso nthambi ya East Rand ya Vista University, yomwe inali ku Daveyton kwawo komweko. Koma nthambiyi sidakhalitse pansi pa yunivesite yatsopanoyo.

Apa ndiye pali chodabwitsa cha Ekurhuleni. Kuli bwalo la ndege lotanganidwa kuposa ena onse m'dzikomo, mafakitale a ku Isando ndi Wadeville, fakitale yopanga sitima zapamtunda ya Gibela kufupi ndi Nigel. Ku Springs kudabadwa Nadine Gordimer, yemwe adalandira mphoto ya Nobel pa zolembalemba, ndipo Oliver Tambo adaikidwa ku Wattville, m'dera la Benoni. Koma mu February 2020 Pulezidenti Cyril Ramaphosa adavomera pamaso pa aphungu kuti mwa mizinda ikuluikulu ya dzikolo, Ekurhuleni yokha ndiyo ilibe yunivesite yakeyake, ndipo adalonjeza kuti kumangidwa ya sayansi. Zaka zidayamba kudutsa nkhaniyo ikuyendabe m'mapepala. Dera lomwe lidapangidwa kuti lizitulutsa antchito likuvutikabe kuvula malaya amenewo.

Ambiri mwa athu omwe ali kuno lero salowanso pansi ngati agogo awo. Kamuzu yemwe uja adaimitsa ulendo wa Wenela mu 1974, ndege itagwa ku Francistown n'kupha Amalawi oposa 70 omwe ankabwerera kumudzi, ndipo ngakhale anthu adayambiranso kupita patapita zaka zochepa, njira ya Theba idatsekekeratu kumapeto kwa zaka za m'ma 1980. A lero ndi osamalira maluwa m'mayadi a ku Benoni ndi Edenvale, opaka penti, osoka, ogwira m'nyumba, onyamula katundu m'mafakitale. Mukawapeza Lamulungu masana kuseri kwa nyumba ya bwana, poto wa nsima ali pa kasitovu, pakona pali chikwama chachikulu cha mizeremizere chomwe chikudzazidwa pang'onopang'ono kudikira wa thiransipoti wopita ku Mangochi kapena ku Mzimba. Nkhani zawo zimazungulira pa mapepala, pa randi kuti lero ikusintha bwanji, ndi pa fizi. January akayandikira, mauthenga a pa WhatsApp ochokera kumudzi amakhala amodzimodzi, mwana wasankhidwa kupita kusekondale, ndipo bambo amaima pamzere wa Mukuru ndi ndalama yomwe amati agulire malata.

Ku Daveyton nako m'mawa umayamba msanga. Nthawi yachisanu, mu June, mdima usadachoke, utsi wa malasha uli pamwamba pa madenga, pamsewu pamakhala pataima kale anthu, manja m'matumba. Takisi ikamayandikira, aliyense amatulutsa dzanja n'kupanga chizindikiro cha komwe akupita, chifukwa kuno minibasi siitanira ngati ya ku Limbe. Chala chimodzi choloza kumwamba ndiye kuti wa ku Johannesburg. Pakati pa amayi a mayunifolomu a ntchito ndi abambo a maovolosi pamakhala atsikana ndi anyamata a zikwama zakumsana, ena laputopu ili m'kati, ulendo wa ku Doornfontein ndi Auckland Park, komwe kuli makalasi a University of Johannesburg. Ndalama ya takisi imayenda m'manja kuchokera mpando wakumbuyo mpaka kwa wokhala pambali pa dalaivala, ndipo iyeyo, afune asafune, ndiye awerengere chenji cha galimoto yonse.