Chipatala cha mishoni chikati "lipirani", boma limakhala kuti?

Mnyamata wa ku Ndirande malungo akamugwira, amapita kuchipatala cha boma, n'kuima pamzere ndi buku lake m'manja. Mzere ndi wautali, mwina mankhwala ena amuuza kuti akagule kufamase, koma palibe amene amufunse ndalama kuti aonane ndi dokotala. Mnzake wa kumudzi, amene chipatala chake chapafupi ndi cha mishoni, amayamba wagulitsa nkhuku kapena kukongola pa Airtel Money asanakwere kabaza. Onsewa ndi Amalawi, ndipo onse amadulidwa msonkho akamagula sopo ndi mayunitsi. Koma amene ali ndi ndalama zochepa ndiye akulipira.

Apa m'pamene nkhani ya mabungwe omwe si aboma imafika pathupi. Tikamva mawu oti NGO, ambiri timaganiza za Land Cruiser yoyera ndi ma workshop a kunyanja. Koma bungwe lalikulu kwambiri lomwe likugwira ntchito ya boma m'dziko muno lilibe chionetsero chotere. Ndi Christian Health Association of Malawi, CHAM mwachidule, lomwe eni ake ndi mipingo kudzera ku bungwe la maepiskopi a mpingo wa Katolika ndi Malawi Council of Churches. Lidayamba mu 1966, ndipo lero lili ndi zipatala zoposa 170, zambiri mwa izo kumidzi. Pafupifupi gawo limodzi mwa magawo atatu a chithandizo cha zaumoyo m'dziko muno chimaperekedwa m'zipatala zimenezi.

Mayina ake mukuwadziwa: Nkhoma, Malamulo, Mlambe ku Lunzu, St Gabriel's ku Namitete, St Luke's ku Malosa, Embangweni, Ekwendeni, Mulanje Mission, Trinity ku Muona. Mwina inuyo amene mukuwerenga pafoni pano mudabadwira m'chimodzi mwa izo. Pachilumba cha Likoma, chipatala chachikulu ndi St Peter's cha mpingo wa Anglican. Ku Phalombe, kwa zaka zambiri Holy Family ya Akatolika ndiyo inkasenza ntchito ya chipatala cha boma lonse, mpaka pomwe chipatala chatsopano chidatsegulidwa zaka zochepa zapitazo. Ndipo anamwino ambiri amene mumawapeza m'zipatala za boma adaphunzira m'makoleji a CHAM omwewa.

Nanga bwanji amalipiritsa? Sikuti ansembe ndi abusa akufuna kulemera. Boma limalipira malipiro a ogwira ntchito ambiri m'zipatala za CHAM, koma mankhwala, magetsi, mafuta a ambulansi ndi jenereta, chakudya cha odwala, zonsezo chipatala chimadzionera chokha. Kale mipingo ya ku Scotland, Ireland, Netherlands ndi America inkatumiza madokotala, masisitere ndi makontena a katundu. Lero thandizolo lidachepa. Kwacha itagwa ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, mtengo wa mankhwala oitanitsa kunja udakwera nthawi yomweyo. Bilu imeneyi imakathera m'thumba mwa wodwala.

Boma lidaliona vutoli. Mu 2006 lidayamba kusainirana ndi zipatala za CHAM mapangano otchedwa Service Level Agreement, kapena kuti SLA. Nzeru yake ndi yosavuta: kudera komwe kulibe chipatala cha boma pafupi, pamtunda wa makilomita 8, chipatala cha mishoni chizithandiza anthu ena mwaulere, makamaka amayi oyembekezera ndi ana ongobadwa kumene, ndipo chizitumiza bilu ku boma. Mayi apite kusikelo, akachire, ngati pafunika opaleshoni ichitike, osatulutsa ndalama.

Kunena zoona, mwa ndondomeko zonse zomwe Unduna wa Zaumoyo udabweretsa, iyi ndi imodzi mwa zanzeru kwambiri. Kumbukirani kuti mu 2007 boma lidaletsa azamba kuchiritsa amayi kumudzi, ndipo mafumu ambiri adaika malamulo olipitsa chindapusa, ena mbuzi, kwa mayi wochirira pakhomo. Kuletsa munthu kuchirira kunyumba pomwe chipatala chokhacho chomwe angafikeko chikufuna ndalama, kukadakhala nkhanza zenizeni. SLA ndiyo idatseka dzenje limeneli, ndipo m'madera momwe idafika chiwerengero cha amayi ochirira kuchipatala chidakwera.

Chomwe chimasangalatsa pa SLA si ulere wokha ayi. Ndi chakuti udindo wa aliyense umadziwika. Boma likuvomera kuti ntchitoyi ndi yake, koma poti lilibe nyumba ndi bedi m'deralo, likugula ntchitoyo kwa amene ali nazo. Mayi amene wachira mwaulere ku mishoni sadachitiridwe chifundo. Walandira zomwe boma lake lidamulonjeza.

Vuto limabwera boma likachedwa kulipira, ndipo lachedwapo kambirimbiri. Atsogoleri a CHAM akhala akudandaula poyera za ngongole za boma, ndipo pakhala nthawi zomwe zipatala zina zidaimika kaye chithandizo chaulerecho. Taganizani zomwe zimachitika pawindo la kashiya tsiku limenelo. Mayi wayenda kuchokera mbandakucha podziwa kuti n'zaulere monga mwezi watha, akumuuza kuti zinthu zasintha. Amene amatukwanidwa ndi kalaliki ndi namwino. Amene sadasainire cheke ku Capital Hill sakumva n'komwe. Ndipo mayi uja akabwerera kumudzi, uthenga umafala msanga kuposa wa pa WhatsApp: ku mishoni ayambiranso kulipiritsa. Kuti anthu akhulupirirenso zimatenga nthawi.

Palinso china chomwe sitimakonda kuchinena mokweza. Gawo lina la ndalama zolipirira ma SLA lakhala likuchokera kuthumba la mayiko othandiza monga Britain, Norway ndi Germany. Chiyambireni Cashgate mu 2013, mayiko ambiri adasiya kuthira ndalama mwachindunji mubajeti ya boma, n'kumadutsira m'matumba apadera ndi m'mabungwe. Sitingawaimbe mlandu, ndalama zawo zidabedwa ife tikuona. Koma zotsatira zake n'zakuti ntchito zambiri za boma zidasanduka mapulojekiti, ndipo pulojekiti iliyonse imakhala ndi tsiku lothera.

Tidazionera tokha mu Januwale 2025. Donald Trump atangolowa m'boma pa 20 Januwale, adasaina lamulo loimika thandizo la America kumayiko akunja, ndipo pasanathe masiku ambiri mabungwe omwe ankalandira ndalama za USAID ndi PEPFAR adalandira makalata oti aime kaye. Ma ARV enieniwo, omwe ambiri amagulidwa ndi ndalama za Global Fund, adalipo. Koma anthu ambiri adadzidzimuka pozindikira kuti mnyamata woyeza magazi, mtsikana wolemba zamukompyuta kuchipinda cha ma ARV, wanjinga yamoto wonyamula magazi kupita nawo kulabu, ndi mayi wolondola anthu amene asiya kumwa mankhwala, ambiri mwa iwo sadali pamndandanda wa malipiro a boma. Ankagwira ntchito m'chipatala cha boma, koma owalemba ntchito adali mabungwe. M'dziko lomwe anthu pafupifupi 1 miliyoni ali ndi kachilombo ka HIV, chisankho cha anthu a ku America chidafika mpaka pabenchi la odwala kumudzi. Ntchito zina zidayambiranso, koma pofika Julayi chaka chomwecho USAID yeniyeniyo idatsekedwa. Akuluakulu adati fodya wako ndi amene ali pamphuno.

Izi sizikutanthauza kuti mabungwe ndi oipa. Pitani pasukulu ya pulayimale m'mamawa mukaone ana ali pamzere ndi makapu awo. Mary's Meals idayamba m'dziko muno mu 2002 ndi ana 200 okha, lero ikudyetsa ana oposa 1 miliyoni. Ufa wa phala umagulidwa ndi ndalama za anthu akufuna kwabwino, inde, koma amene amadzuka kusanache, kutunga madzi ndi kutakasa mphika pautsi ndi amayi a m'mudzi momwemo, osalandira kanthu. Tikamawerengera thandizo timatchula mapaundi ndi madola, thukuta la amayiwa sililowa m'malipoti.

Mabungwe achinyengo nawonso alipo, aja a m'chikwama, okhala ndi chidindo ndi akaunti kubanki koma opanda ngakhale mjigo umodzi woti akuonetseni. Lamulo la mabungwe lidasinthidwa mu 2022, ndipo NGORA, yomwe imayang'anira mabungwewa, yakhala ikudandaula kuti ambiri satumiza malipoti a chuma chawo. Ameneyo ndi mlandu wawo. Koma boma lomwe limachedwa kulipira ngongole kwa CHAM, komanso lomwe zaka zambiri limalephera kufika pa 15 peresenti ya bajeti yomwe mayiko a mu Africa adalonjeza ku Abuja mu 2001 kuti izipita ku zaumoyo, lisamaloze chala ngati kuti ilo ndi loyera.

Ine ndimaona kuti funso lofunika silakuti bungwe ligwire ntchito ya boma kapena ayi. Palibe phindu kumanga chipatala china cha boma kuseri kwa mpanda wa Nkhoma pomwe fiyeta ndi madokotala alipo kale. Funso n'lakuti zikavuta, mukadandaule kwa ndani? Pulojekiti ikatha, mulibe poyambira. Sapoti ya ku Washington simudaivotere. Koma pomwe pali SLA pali pepala losainidwa, pali ofesi ya DHO, pali khansala ndi phungu amene amafuna mavoti anu. Mukhoza kufunsa pachipatala kuti ndi chithandizo chiti chomwe chili m'panganolo. Mukhoza kufunsa komiti ya chipatala kuti boma lidalipira liti komaliza. Mafunso ngati amenewa sitiwamva kawirikawiri pamisonkhano ya ndale, pomwe timangoombera m'manja lonjezo la chipatala chatsopano.

Ndipo panganolo palokha ndi lopapatiza. M'zipatala zambiri limathera pa amayi oyembekezera ndi ana aang'ono. Agogo a BP ndi shuga, amene amafunika mankhwala mwezi ndi mwezi, kapena mnyamata wakabaza amene wathyoka mwendo, akafika pawindo la mishoni amafunsidwabe ndalama. Akalephera, amakwera minibasi kupita ku boma, ulendo womwe nthawi zina mtengo wake umaposa bilu yomwe akuithawayo.