Msewu Umene Galu Ankadutsa Koma Munthu Ayi

Ku Vaikom, tauni ya m'mphepete mwa nyanja ya Vembanad m'chigawo cha Kerala kummwera kwa India, kuli kachisi wamkulu wa Shiva, mulungu wa Ahindu, wozunguliridwa ndi misewu mbali zonse zinayi. Lero m'misewu imeneyi mumangoti piringupiringu: njinga zamoto, ana a sukulu, amayi ogulitsa maluwa, amwendamnjira opita kukapemphera. Palibe woimitsa mnzake kuti amufunse kuti bambo ake anali yani. Koma mu 1924 m'misewu yomweyi mudali zikwangwani zoletsa Ahindu a magulu otsika kupondamo. Galu ankadutsa mchira uli m'mwamba. Mkhristu ankadutsa, Msilamu ankadutsa. Woletsedwa adali Mhindu amene ankapembedza Shiva yemweyo wa m'kachisimo.

Nthawi imeneyo derali lidali mu ufumu wa Travancore, umene udali ndi mfumu yakeyake koma pansi pa diso la atsamunda a ku Britain. Munthu ankabadwira m'gulu, n'kufera momwemo. Pamwamba padali ansembe a Brahmin otchedwa Nambudiri, kenaka a Nair, eni minda ndi ankhondo. Pansi padali a Ezhava, ambiri mwa iwo alimi ndi okwera mitengo ya kokonati kukatunga uchema. Pansi penipeni padali a Pulaya, amene mpaka 1855 ankagulitsidwa ngati akapolo. Kumadera ena a India ankati wotsika akakukhudza wakudetsa. Kuno adaonjeza mchere: ngakhale kungoyandikira kudali kudetsa. Gulu lililonse lidali ndi mtunda wake woyenera kuima, wowerengedwa ndi mapazi, ndipo wapamwamba akamayenda ankafuula kuti wotsika amve msanga, apatukire kutchire kapena m'munda wa mpunga. Swami Vivekananda, mlaliki wotchuka wa Chihindu amene adayenda m'derali mu 1892, sadabise mawu. Adati zimene adaonazo n'za m'nyumba ya amisala.

Dongosolo lonseli lidatsamira pa chinthu chimodzi: kuti wotsikayo apatuke yekha. Tsiku limene adasiya kupatuka, zinthu zidayamba kugwa chimodzichimodzi, ndipo kugwa kwake nkosangalatsa kukusimba.

Woyamba kusokoneza adali munthu wofatsa, Narayana Guru, wa gulu la Ezhava. Mu 1888 ku Aruvippuram adatola mwala mumtsinje wa Neyyar, n'kuukhazika pathanthwe, n'kuupatula kukhala chizindikiro cha Shiva. Ntchito imeneyo inkagwiridwa ndi ansembe a Brahmin okha. Atamufunsa kuti mphamvu zotere wazitenga kuti, yankho lake limasimbidwabe mpaka lero: amene wakhazikayo ndi Shiva wa a Ezhava, osati wa iwowo. Ofunsawo adangoti kukamwa yasa. Akanati Shiva ndi mmodzi, ndiye kuti avomera kuti ndi wa onse. Akanati alipo awiri, ndiye kuti nkhani siikuwakhudza. Guru adapitiriza kutsegula akachisi ena ambiri, akuphunzitsa kuti anthu onse ndi a mtundu umodzi pamaso pa Mulungu mmodzi, ndipo ankalimbikira kuti pafupi ndi kachisi pakhale sukulu. Mu 1903 iye ndi Dr. Palpu, dokotala wa gulu la Ezhava amene adamanidwa ntchito kwawo n'kukaipeza ku Mysore, adayambitsa bungwe lotukula a Ezhava la SNDP Yogam.

Wachiwiri sadali wofatsa ayi. Ayyankali wa ku Venganoor, wa gulu la Pulaya, sadapite kusukulu chifukwa a gulu lake sankaloledwa. Mu 1893 adagula ngolo yokongola, ya mtundu umene ankakwera olemera okha, n'kumangirira ng'ombe ziwiri zoyera, mabelu ali m'khosi. Adavala nduwira kumutu ndi zovala zoyera, zomwe munthu wa gulu lake sankayenera ngakhale kuzilota, n'kulowa mumsewu wa boma masana dzuwa likuswa mtengo. Mabelu ngili ngili ngili, kuti wogona adzuke adzaone. Amene adabwera kudzamutsitsa adapeza mnyamata wamphamvu atasolola mpeni, ndipo ngolo idapitirira.

Msewu utatheka, adatembenukira kusukulu. Atapita ndi kamtsikana kotchedwa Panchami kusukulu ya ku Ooruttambalam, a magulu apamwamba adakwiya mpaka kuyatsa sukuluyo. Ayyankali adauza eni minda kuti ngati ana a Pulaya saphunzira, m'minda ya mpunga mumera udzu. Antchito adaika makasu pansi miyezi yambirimbiri, ndipo eni minda adazindikira mochedwa kuti manja amene ankawatcha odetsedwa ndi omwe ankadzaza nkhokwe zawo. Pofika 1912 munthu uja wa ngolo adali akuyankhula m'bwalo la aphungu la Sree Moolam Popular Assembly. Mu 1915 amayi a Pulaya adadula n'kutaya mikanda yamiyala imene ankakakamizidwa kuvala m'khosi monga chizindikiro cha gulu lawo.

Tsono idakwana nthawi ya Vaikom. Pa 30 Malichi 1924, motsogozedwa ndi T. K. Madhavan, K. P. Kesava Menon ndi K. Kelappan, anthu atatu adayenda molunjika chikwangwani chija: wa Pulaya, wa Ezhava ndi wa Nair. Apolisi adati wa Nair yekha adutse. Iye adakana kusiya anzake, ndipo onse atatu adamangidwa. Kenaka kudabwera atatu ena, nawonso n'kumangidwa. Boma litaona kuti ndende idzaza, lidasiya kumanga anthu n'kuika chotchinga pamsewu. Ochita zionetserowo ankangofika m'mawa, n'kuima pamaso pa chotchingacho mpaka madzulo, osaponya mwala ngakhale umodzi, pomwe achiwembu olembedwa ganyu ankawamenya. E. V. Ramasamy, amene Atamil amamutcha Periyar, adabwera kudzathandiza n'kulawa ndende. Asikh a ku Punjab adabwera kudzatsegula khitchini yaulere.

Chaka chomwecho kudagwa mvula yoopsa imene anthu a ku Kerala amaikumbukirabe. Vaikom idamira. Aliyense akanati zionetsero zapuma kaye, koma ayi ndithu. Anthu adapitiriza kusinthana pamalo paja ataima m'madzi ofika m'chifuwa, apolisi akulondera chotchinga chawo ali m'mabwato. Taganizani: boma lathunthu likuyandama pabwato pofuna kuteteza msewu umene sukuoneka n'komwe!

Mu Novembala 1924 kudachitika chimene ansembe sankachiyembekezera. A magulu apamwamba eniake, motsogozedwa ndi Mannathu Padmanabhan wa gulu la Nair, adayenda pansi kuchoka ku Vaikom mpaka ku likulu, Trivandrum, kukapereka chikalata chosainidwa ndi anthu pafupifupi 25,000 kwa Sethu Lakshmi Bayi, mfumukazi imene inkagwirizira ufumu. Mu Febuluwale 1925 nkhani idalowa m'nyumba ya malamulo ndipo idagwa ndi voti imodzi yokha, 22 kwa 21.

Mahatma Gandhi adafika mu Malichi 1925. Adapita kukakambirana ndi mkulu wa otsutsa, wansembe wa banja la Indanthuruthi. Poti Gandhi sadali Brahmin, sadamulowetse m'nyumba. Adamukhazika panja, eni nyumba akuyankhula ali mkati. Adakambirana maola angapo, wansembeyo akulimbikira kuti wobadwira pansi akulipira zimene adachita m'moyo wapitawo. Gandhi adachoka chimanjamanja. Komabe kuona maso a nkhono n'kudekha. Mu Novembala 1925, patatha miyezi pafupifupi 20, misewu ya mbali zitatu idatsegulidwa kwa aliyense. Wa kummawa udatsalabe wotseka, ndipo m'kachisi mwenimwenimo mudali mosalowekabe. Ena adati chipambano chake n'chatheka.

Theka linalo lidabwera chifukwa cha masamu. A Ezhava adali ochuluka, adali ataphunzira, ndipo m'zaka za m'ma 1930 atsogoleri awo ena adayamba kunena poyera kuti ngati Chihindu sichikuwafuna, Chikhristu, Chisilamu, Chibuda ndi Chisikh zitseko zili pululu. Ku nyumba yachifumu adawerenga mitu n'kuona kuti ufumu umene unkadzitama kuti ndi wa Chihindu ukhoza kudzuka tsiku lina Ahindu atachepamo. Pa 12 Novembala 1936 mfumu Chithira Thirunal Balarama Varma, mnyamata wa zaka 24, mothandizidwa ndi nduna yake yaikulu C. P. Ramaswami Iyer, idalengeza kuti Mhindu aliyense, wa gulu lililonse, alowe ndi kupembedza mu akachisi onse a boma. Onse, kuphatikizapo wa Padmanabhaswamy ku Trivandrum, kachisi wa banja lachifumu lenilenilo.

Anthu adasamba, n'kuvala zoyera, n'kulowa. Denga silidagwe, Shiva sadasamuke, mpunga udacha monga mwa nthawi zonse. Mu Januwale 1937 Gandhi adabweranso, ulendo uno akulowa m'kachisi ndi kachisi pamodzi ndi omwe aja ankapatukira kutchire, ndipo adafika ku Venganoor kukaonana ndi Ayyankali, yemwe tsopano adali nkhalamba yolemekezeka. Madera oyandikana nawo a Cochin ndi Malabar adazengereza zaka zina khumi asanatsatire.

Tsankho la magulu silidathe psiti ku Kerala. Nkhani ya ukwati ikabuka, mabanja ambiri amafunsabe kuti mkamwini kapena mtengwa ndi wa gulu liti. Koma taonani mmene zinthu zidatembenukira. K. R. Narayanan, mwana wa banja la gulu lotsika wobadwira ku Uzhavoor m'boma lomwelo la Kottayam m'mene muli Vaikom, adakhala Pulezidenti wa India mu 1997. Mu 2017 bungwe loyang'anira akachisi la Travancore Devaswom Board lidasankha ansembe 36 osakhala a Brahmin, asanu ndi mmodzi mwa iwo ochokera m'magulu amene kale ankatchedwa osakhudzika. Zidzukulu za oletsedwa kuponda msewu tsopano ndizo zikugawa madalitso paguwa.

Nanga nyumba ija ya Indanthuruthi, imene idakaniza Gandhi kuponda pakhomo? Ilipobe, koma mwini wake ndi wina. Banjalo zinthu zitalivuta, nyumbayo idagulidwa ndi bungwe la anthu otunga uchema, ntchito ya makolo a a Ezhava, ndipo lero ndi ofesi yawo. M'zipinda zimene Mahatma adaoneka wosayenera kulowamo, okwera mitengo ya kokonati amachitiramo misonkhano yokambirana za malipiro awo.