Olemala akakanidwa thandizo la Boma: mboni yaikulu ndi pepala la kucipatala

PAMZERE wa odwala m'zipatala za m'matauni pamakhala anthu ena amene sanadzere mankhwala. M'manja mwao muli envulopu ya khaki, ndipo m'kati mwake muli fomu yofuna siginecha ndi cidindo. Ena ayenda ndi ndodo, ena akankhidwa pa njinga ya olemala, ndipo amai ena abereka mwana wamkulu amene anzake ali kale kusukulu. Ena mwa iwo abwera kaciwiri, cifukwa pempho lao loyamba la thandizo la Boma linakanidwa.

Kukanidwa kumawawa, makamaka m'komboni mmene lendi, malasha ndi unga zonse zifuna ndalama. Mabanja ena amangotaya mtima nanena kuti wopanda m'bale ku ofesi sangapate kanthu. Koma kawirikawiri cifukwa cokanira cimakhala cinthu cotheka kukonza. Mwina munthu anagogoda pa khomo losayenera, kapena pepala lake la kucipatala linachula dzina la matenda koma silinafotokoze zimene iye alephera kucita.

MAKOMO ATATU

Thandizo la ndalama kwa olemala silicokera ku ofesi imodzi. Pali makomo atatu akuluakulu, ndipo lililonse liyang'ana zake.

Khomo loyamba ndi la anthu obvulala pa nchito kapena odwala cifukwa ca nchito. Awa apita ku Workers' Compensation Fund Control Board, bungwe limene likulu lake lili ku Ndola ndipo liyendera lamulo la caka ca 1999. Wanchito sasonkha ndalama ku thumba limeneli, wosonkha ndi wolemba nchito. Ngozi ikacitika, wolemba nchito ayenera kudziwitsa bungweli pasanathe masiku atatu. Madotolo amayesa kukula kwa kulemala m'maperesenti. Kukakhala 10 peresenti kapena kucepera apo, munthu alandira ndalama kamodzi, koma kukapitirira alandira mwezi ndi mwezi. Amene anagwira nchito m'migodi ku Kopala ndipo abvutika ndi mapapo amapimidwa ku Occupational Health and Safety Institute ku Kitwe.

Khomo laciwiri ndi NAPSA, imene inayamba kugwira nchito mu February 2000 m'malo mwa Zambia National Provident Fund. Ili ndi khomo la munthu amene anali kusonkha, koma walemala kotheratu asanafike zaka zopumira pa nchito, kaya ndi matenda kapena ngozi ya pamseu. Lamulo la 1996 limene linakhazikitsa NAPSA linena kuti wofuna penshoni ya kulemala akhale atasonkha miyezi 180, kapena miyezi yosacepera 60 malinga ngati 12 mwa iyo inasonkhedwa m'miyezi 36 yomaliza asanalemale. Wosakwanitsa miyezi imeneyi apatsidwa ndalama kamodzi kokha. Gulu la madotolo ndilo liweruza ngati munthuyo sangathenso kugwira nchito yompezera cakudya.

Khomo lacitatu ndi Social Cash Transfer, thandizo la mabanja osauka limene linayambira ku Kalomo mu 2003. Liyendetsedwa ndi ofesi ya Social Welfare mothandizana ndi makomiti a m'madera ochedwa CWAC. Pano safunsa ngati munthu anagwirapo nchito. Afuna kudziwa zinthu ziwiri: ngati kulemalako ndi kwakukulu, ndiponso ngati banjalo ndi losauka. Banja lokhala ndi munthu wolemala kwambiri lilandira zoculuka kuposa mabanja ena. Mwacitsanzo, mu 2022 Boma linakweza ndalamazi kucoka pa K150 kufika pa K200 pamwezi, ndipo za mabanja a olemala kwambiri kucoka pa K300 kufika pa K400.

Palinso khadi la olemala loperekedwa ndi Zambia Agency for Persons with Disabilities, kapena kuti ZAPD, bungwe loyendera lamulo la olemala la 2012. Khadi limeneli palokha silibweretsa ndalama, ndipo anthu ambiri akhumudwa cifukwa cosadziwa zimenezi. Nchito yake ndi kucitira umboni kuti munthu anapimidwa ndi kulembedwa m'kaundula. Komabe ndi canzeru kukhala nalo, popeza limafupikitsa mafunso pa makomo ena.

ZIMENE PEPALA LIYENERA KUNENA

Anthu oweruza pempho nthawi zambiri amayamba ndi kuwerenga mapepala asanamuone mwini wake, ndipo nthawi zina samuona konse. Motero pepala la kucipatala ndilo limlankhulira. Dzina la matenda palokha silinena zambiri. Anthu awiri akhoza kudwala shuga, wina n'kumagulitsa pamsika tsiku lonse, pamene mnzake anadulidwa mwendo ndipo maso ake acita khungu.

Citsanzo ndi ici. Bambo womanga nyumba wagwidwa ndi sitroko. Pepala loyamba lingonena kuti ali ndi BP ndi sitroko ndipo akumwa mankhwala. Wowerenga sangadziwe ngati bamboyo ali gone kapena wabwerera kale ku njerwa zake. Pepala labwino linena kuti dzanja lamanja silingagwire kapu, kuti ayenda mapazi owerengeka ndi ndodo, kuti afuna womthandiza posamba ndi popita kucimbudzi, kuti mau ake samveka bwino, ndiponso kuti papita miyezi 9 akucita maseweredwe olimbitsa ziwalo kucipatala koma palibe kusintha. Munthu ndi mmodzimodzi, koma mapepala awiriwa abweretsa mayankho osiyana.

Kuti pepala lotere lilembedwe, wodwala ndi womsamalira ayenera kunena zoona zonse. Mwambo wathu uphunzitsa munthu kuyankha kuti ali bwino ngakhale pamene thupi likuwawa. Ena pa tsiku lopimidwa amadzilimbitsa, nabisa zoti amadzikodzera usiku kapena kuti anagwa kawiri sabata latha, cifukwa ca manyazi. Ulemu wotere umawabweza opanda kanthu. Dotolo alemba zimene waona ndi zimene wauzidwa. Cimodzimodzinso, kukokomeza matenda n'koipa, cifukwa kupima kumaonetsa bodza, ndipo pambuyo pake ngakhale zoona zimakaikidwa.

Pali kulemala kwina kumene sikuoneka ndi maso pa mphindi zocepa za m'cipinda copimira. Wodwala khunyu akhoza kuoneka wamphamvu ndithu. Banja lake licita bwino kusunga kabuku kolembamo tsiku lililonse limene wagwa, nthawi imene anakhala cikomokere, ndi mabala amene anapeza, monga kupsa ndi moto wa pambaula. Munthu amene anaonapo kugwako apite naye. Wodwala maganizo afunika kalata ya kukiliniki ya matenda a maganizo kumene amalandira mankhwala, yonena za utali wa matenda ndi nthawi zimene anagonekedwa, kaya m'cipatala ca m'cigawo kapena ku Chainama ku Lusaka. Wosaona bwino apimidwe ku kiliniki ya maso kuti manambala a kaonedwe kake alembedwe. Wosamva nayenso apimidwe makutu ndi makina kumene alipo. Kwa mwana, khadi la kusikelo ndi lofunika kwambiri, cifukwa lisonyeza mmene wakhala akukulira.

Nthawi yopemphera nayonso ili ndi kanthu. NAPSA ifuna kulemala kosatha, ndipo nayo Workers' Compensation imayesa maperesenti pamene cithandizo ca kucipatala cafika pothera. Munthu wa sitroko amacira kwambiri m'miyezi itatu mpaka isanu ndi umodzi yoyamba, ndipo fupa lothyoka lifuna miyezi kuti lilumikizane. Dotolo woona mtima sangalembe kuti kulemala n'kosatha pamene mpata wocira ulipo. Koma izi sizitanthauza kuti banja likhale cete. Ngozi ya pa nchito idziwike ku bungwe msanga, ndipo wodwala asaphonye masiku a kukiliniki, pakuti makhadi amenewo ndiwo adzasonyeza mbiri ya matenda. Wosiya cipatala kwa caka cathunthu amabwera ndi mbiri yoduka, ndipo oweruza angaganize kuti anacira.

Tinthu tina tating'ono timagwetsanso pempho. Dzina la pa fomu lifanane ndi la pa citupa ca NRC, cilembo ndi cilembo. Mai amene alembedwa ndi dzina la mwamuna wake kucipatala koma la atate wake pa citupa ayenera kukonza zimenezi asanapereke fomu. Pepala likhale ndi deti, dzina ndi udindo wa wopima, siginecha ndi cidindo. Mafomu ena afuna dotolo weniweni kapena gulu la madotolo, motero ndi bwino kufunsa ku ofesi yopereka fomu kuti woyenera kusaina ndani. Pepala lililonse lijambulidwe pa fotokope lisanacoke m'manja.

PEMPHO LIKAKANIDWA

Coyamba ndi kudziwa cifukwa cake. Yankho la pakamwa pa windo silikwanira. Munthu apemphe mwaulemu kuti cifukwa cilembedwe pa pepala lokhala ndi deti, ndipo afunse tsiku lomwelo kuti ali ndi masiku angati ocitira apilo. Masiku amenewa amakhala owerengeka, ndipo wocedwa akhoza kutaya mlandu wabwino.

Caciwiri ndi kuyankha cifukwa cimeneco, osati kungobwereza kudandaula. Ngati akuti kulemala n'kocepa, wodwala abwerere kucipatala ndi kalata yokanirayo, aionetse kwa wopima, ndipo apemphe kupimidwanso kapena kutumizidwa kwa katswiri wa mafupa, wa maso kapena wa maganizo. Ngati matenda akula kucokera pa kupima koyamba, zimenezo zilembedwe ndi madeti ake.

Ngati NAPSA ikuti miyezi yosonkha siikwana, munthu atenge sitetimenti ya zosonkha zake ndi kuiyerekeza ndi mapepala ake a malipiro. Zimacitika kuti wolemba nchito anali kudula ndalama pa malipiro koma osazipereka, kapena kuti zinalowa pa nambala yolakwika. Mapepala a malipiro ndi kalata yolembedwera nchito ndiwo umboni, ndipo NAPSA ili ndi mphamvu yolondola wolemba nchito wotere. Dandaulo lilembedwe kwa akuluakulu a bungweli kudzera ku ofesi yapafupi.

Ku Workers' Compensation, wosakhutira ndi cigamulo ca Commissioner ali ndi ufulu wotengera nkhani yake ku bwalo lapadera lochedwa Workers' Compensation Tribunal. Ngati wolemba nchito anabisa ngozi, wobvulalayo kapena m'bale wake akhoza kupita yekha ku ofesi ya bungweli ndi khadi la kucipatala la tsiku la ngozi ndi maina a anzake amene anaona.

Ku Social Cash Transfer, dandaulo liyambira kwa a CWAC a m'deralo, ndipo likapanda kumveka lipita kwa mkulu wa Social Welfare wa paboma, kenaka wa cigawo. Apa banja lifunse bwino ngati lakanidwa kapena lingoyembekezera, cifukwa kulemba maina atsopano sikucitika tsiku lililonse. Lifunsenso ngati bvuto lili pa kulemala kapena pa kayesedwe ka umphawi. Ngati zinthu zasintha panyumba, monga imfa ya amene anali kudyetsa banja kapena kutha kwa nchito, ofesi idziwitsidwe. Kulembetsa n'kwaulere. Aliyense wopempha ndalama kuti alowetse dzina, kapena wogulitsa pepala la kucipatala lokhala kale ndi cidindo, ndi wakuba, ndipo pepala labodza likhoza kumangitsa amene walipereka.

Kalata ya apilo siifuna Cizungu cozama. Ikhale yaifupi, yonena dzina, nambala ya NRC, nambala ya fayilo, deti la kalata yokanira, cifukwa cimene cinaperekedwa, ndi umboni watsopano umene waikidwapo. Wosadziwa kulemba athandizidwe ndi mwana wa sukulu, mphunzitsi kapena mkulu wa mpingo. Popereka, wolandira adinde fotokope yotsala ndi kulembapo deti. Banja lisunge kabuku kolembamo tsiku lililonse limene lapita ku ofesi ndi yankho limene linapatsidwa.

Zonsezi zikalephera, njira zikalipo. Ofesi ya Public Protector, imene inalowa m'malo mwa Investigator General potsatira kusintha kwa malamulo a dziko mu 2016, imva madandaulo a anthu ocedwetsedwa kapena ocitiridwa zosalungama m'maofesi a Boma. Legal Aid Board ithandiza osauka amene nkhani yao ifuna loya. Nawo mabungwe a olemala ali ndi anthu amene anayendapo kale njira imeneyi ndipo adziwa makomo ake.

Si pempho lililonse limene lidzabvomerezedwa, ngakhale pa apilo, popeza malamulo ali ndi malire ake. Koma banja limene labweza envulopu m'sutikesi pambuyo pa kukanidwa koyamba ladziweruza lokha. Coyenera kucita sabata lomwelo ndi kutenga kalata yokanira, makhadi onse akale a kucipatala ndi munthu amene asamalira wodwalayo tsiku ndi tsiku, n'kubwerera nazo kwa wopima. Pamenepo afotokoze cimodzi ndi cimodzi zimene wodwalayo sangathe kucita kuyambira m'mawa podzuka kufikira usiku pogona.