Chipani chotsogolera pa chikomyunizimu: nanga icho amachidzudzula ndani?

Karl Marx ndi Friedrich Engels ankaphunzitsa kuti tsiku lina anthu ogwira ntchito adzalanda mafakitale ndi boma m'manja mwa eni chuma. Koma yemwe adalongosola mwatsatanetsatane za gulu loti liwatsogolere anali Vladimir Lenin wa ku Russia.

M'buku lake la 1902, lomwe mutu wake umatanthauza kuti "Tichite chiyani?", Lenin adati ogwira ntchito akasiyidwa paokha amangomenyera malipiro abwino kudzera m'mabungwe awo, osafika poganiza zogwetsa boma. Choncho padafunika chipani cha anthu ochepa, ozama pa chiphunzitso cha Marx, odzipereka kotheratu komanso odziwa kugwira ntchito mobisa, pakuti apolisi a mfumu ya Russia ankamanga otsutsa. M'chipanimo mamembala ankaloledwa kukambirana, koma mfundo ikamangidwa aliyense ankayenera kuitsata.

Maganizowa adagawanitsa chipani chake mu 1903, pomwe padabadwa magulu a Bolshevik ndi Menshevik. Chaka chotsatira, Rosa Luxemburg adachenjeza kuti mphamvu zikaunjikana pa komiti yaikulu, mawu a ogwira ntchito eniakewo adzazimiririka.

Polanda boma, njira ya Lenin idathandizadi, ndipo a Bolshevik adatenga ulamuliro mu 1917. Mavuto adadza pambuyo pake. Zipani zina zidathetsedwa, ndipo mu 1921 timagulu ta maganizo osiyana tidaletsedwa ngakhale m'chipani momwemo. Pakati pa 1936 ndi 1938, Joseph Stalin adaphetsa ambiri mwa atsogoleri amene adamenya nawo nkhondo yosintha boma. Chipanicho chidakhalabe chokhachokha mpaka 1990, pomwe ndime yochipatsa utsogoleri m'malamulo a Soviet Union idasinthidwa.

Kwa anansi athu a ku Mozambique, nkhaniyi si yachilendo. Pa msonkhano wake waukulu wachitatu mu 1977, motsogozedwa ndi Samora Machel, Frelimo idalengeza kuti yasanduka chipani chotsogolera chotsata Marx ndi Lenin. Idasiya chiphunzitsochi mu 1989, ndipo chisankho choyamba cha zipani zambiri chidachitika mu 1994.

Lero zipani za chikomyunizimu zikulamulirabe zokha ku China, Vietnam, Laos ndi Cuba. Ozichirikiza amati zimabweretsa bata ndi mapulani a nthawi yaitali. Otsutsa amabwereza nkhawa ya Luxemburg: chipani chomwe chimati chikudziwa zofuna za anthu kuposa eni akewo chikalakwitsa, anthuwo amasowa njira yochichotsera.