Lusaka wamangidwa pamwamba pa madzi ake: cifukwa cake mitengo ndi madambo ayenera kusungidwa

Mwezi wa Okutobala ukayandikira, misewu yakale ya mu Lusaka monga Independence Avenue imakongola ndi maluwa a mitengo ya jakaranda, ndipo oyenda pansi amathawira m'mithunzi yake dzuwa likaswa mtengo. Anthu ambiri amaona mitengoyi monga zokongoletsa cabe. Koma akatswiri a za madzi akhala akucenjeza kwa zaka zambiri kuti mu Lusaka nkhani ya mitengo, madambo ndi malo osamangidwapo ndi nkhani ya madzi akumwa. Kuti timvetse bwino cenjezo limeneli, tiyenera kuona mmene mzindawu unayambira ndiponso cimene cili pansi pa nthaka yake.

Mzinda umene unalinganizidwa monga munda

Lusaka anakhala likulu la Northern Rhodesia m'caka ca 1935, pamene boma la atsamunda linasamuka ku Livingstone. Pulani yoyamba ya likulu latsopanoli inalembedwa ndi Profesa Stanley Adshead wa ku London mu 1931. Iye anafuna mzinda wa misewu yotakata, wokhala ndi mitengo m'mbali mwa misewuyo ndi nyumba za mabwalo aakulu. Ndico cifukwa cake Lusaka anapatsidwa dzina lakuti Garden City, kutanthauza mzinda wonga munda wa maluwa.

Koma pulaniyo inaganizira anthu ocepa, makamaka azungu ndi anchito a boma. Anthu akuda amene anabwera kudzafuna nchito anadzimangira okha pa mapulazi ndi pa malo okumbapo miyala, kunja kwa pulani. Ufulu utabwera mu 1964, malamulo oletsa anthu kusamukira m'tauni anatha mphamvu, ndipo makomboni monga Kanyama, Chawama, Misisi ndi George anakula mofulumira. Kalembera wa mu 2022 anapeza kuti m'boma la Lusaka muli anthu oposa 2.2 miliyoni. Pafupifupi anthu 7 mwa 10 alionse amakhala m'makomboni amene anamangidwa popanda pulani, mmene mipope ya madzi, ngalande ndi malo a mitengo zinabwera mocedwa kapena sizinafike konse.

Cimene cili pansi pa nthaka

Lusaka ali pa malo okwera, pafupifupi mamita 1,280 kucokera pa nyanja ya mcere, koma ndi malo athyathyathya, ndipo palibe mtsinje waukulu umene umadutsa pakati pake. Pansi pa mbali yaikulu ya mzindawu pali miyala ya laimu ndi ina ya mtundu womwewo yochedwa dolomite. Kwa zaka zosawerengeka madzi a mvula akhala akusungunula miyalayi pang'onopang'ono, nasiya ming'alu ndi mapanga. Mvula ikagwa, madzi amalowa m'ming'alumo ndi kusungika ngati mu mtsuko waukulu. Pa caka, Lusaka amalandira mvula yokwana pafupifupi mamilimita 800, ndipo yambiri imagwa kuyambira Novembala kufika Malichi. Imene yalowa pansi pa miyezi imeneyi ndiyo imamwetsa anthu m'cilimwe.

Kampani ya Lusaka Water Supply and Sanitation Company imatenga madzi m'malo awiri. Ena amacokera mu mtsinje wa Kafue, amayeretsedwa pa Iolanda ndi kupopedwa m'mipope mtunda wa makilomita pafupifupi 50. Ena amacokera m'zitsime zakuya zobowola ndi makina, zoposa 100, zimene zili mu mzinda momwemo. Pafupifupi theka la madzi a kampaniyi ndi a pansi pa nthaka. Pamwamba pa izi, mabanja ambiri, masukulu ndi mafakitale ali ndi zitsime zawozawo, ndipo m'makomboni anthu amatunga m'zitsime zosazama zokumba ndi manja.

Mphatso imeneyi ili ndi ngozi yake. Pamene pali mcenga ndi dothi lakuya, madzi amasefeka akamatsikira pansi. Koma m'malo ambiri a Lusaka dothi ndi locepa, ndipo madzi amathamanga m'ming'alu ya miyala osasefeka. Zonyansa za m'cimbudzi cokumba zingathe kufika msanga m'citsime ca mnansi. Alangizi a zaumoyo amati cimbudzi cizikhala mamita osacepera 30 kucokera pa citsime, koma m'komboni mmene nyumba n'zothinana mtunda wotere supezeka, ndipo pa miyala ya ming'alu ngakhale mtundawo sukwanira.

M'nyengo ya dzinja madzi a pansi amakwera kufika pamwamba m'malo monga Kanyama ndi Misisi. Zimbudzi zimasefukira, maenje okumbamo miyala amasanduka madamu, ndipo madzi oipa amasakanizika ndi akumwa. Apa ndi pamene kolera imapezera njira. Mliri umene unayamba mu Okutobala 2017 unadwalitsa anthu oposa 5,000 ndi kupha oposa 100, ambiri a iwo a mu Lusaka. Umene unayamba mu Okutobala 2023 unali woopsa koposa: anthu oposa 20,000 anadwala m'dziko lonse ndipo oposa 700 anamwalira. Bwalo la masewera la National Heroes linasandutsidwa cipatala, ndipo masukulu sanatsegulidwe kufikira mu Febuluwale 2024.

Nchito ya mtengo ndi dambo

Mvula ikagwera pa mtengo, masamba amacepetsa mphamvu ya madontho. Masamba ouma amene ali pansi amagwira madzi, ndipo mizu imatsegula tinjira m'dothi kuti madziwo alowe pang'onopang'ono. Udzu ndi dothi zimasefa zonyansa zina madzi asanafike pa miyala. Dambo nalo limalandira madzi ambiri nthawi imodzi ndi kuwatulutsa mosafulumira, kotero kuti timitsinje timayendabe ngakhale mvula italeka.

Malo omwewo akaphimbidwa ndi simenti, phula ndi malata, madzi amasowa polowera. Amathamangira kumunsi onse pamodzi ndi kukalowa m'nyumba za anthu. Motero mzinda umaluza kawiri: mu Januwale umamira, ndipo mu Okutobala zitsime zimaphwa cifukwa mtsuko wa pansi uja sunadzale. Kutentha nako kumawonjezeka, pakuti makoma, phula ndi malata zimasunga kutentha kwa usana ndi kukutulutsa usiku. Wogulitsa tomato pa msika wopanda mthunzi ndi mwana wophunzira m'kalasi ya malata amadziwa bwino kusiyana kwake.

Phunziro la nkhalango ya nambala 27

Kum'mawa kwa mzinda kuli nkhalango yochedwa Lusaka East Forest Reserve nambala 27, imene inaikidwa pansi pa citetezo ca boma mu 1957. M'nkhalangoyi ndi mmene muli magwero a mtsinje wa Chalimbana, umene umathira mu mtsinje wa Chongwe, m'dziko la Asoli la Mfumu Yaikulu Nkomeshya Mukamambo Yaciwiri. Mu 1983 citetezoco cinacotsedwa. Mitengo itadulidwa, alimi ndi anthu a m'midzi anadandaula kuti mtsinje ukuphwa, ndipo mu 1996 boma la Frederick Chiluba linabwezeretsa citetezo. Komabe pakati pa 2017 ndi 2019 zigawo zina zinadulidwanso mwa lamulo ndi kugawidwa kukhala mapuloti a nyumba ndi maofesi, kufikira nkhalangoyo inatsala yosakwana theka. Bungwe la Chalimbana River Headwaters Conservation Trust pamodzi ndi anthu a m'deralo linatengera nkhaniyi ku khoti.

Phunziro lake n'lakuti wopindula ndi puloti ndi munthu mmodzi, pamene oluza madzi ndi anthu zikwizikwi amene sanafunsidwe, ena a iwo okhala kutali ndi nkhalangoyo. Nyumba zomangidwa pa malo olowera madzi zimatseka nthaka, ndipo maenje a zimbudzi zake amathira zonyansa mu mtsuko womwewo umene onse amamwamo. Akuluakulu anati madzi akatayika saoleka.

Kum'mwera cakum'mawa kuli citsanzo cosiyana. Gawo la nkhalango ya nambala 26 linasandutsidwa Lusaka National Park, imene inatsegulidwa mu 2015 ndipo ndi yaikulu mahekitala oposa 6,000. Anthu amapitako kukaona mbidzi ndi nyumbu, koma phindu lake lalikulu silioneka ndi maso: ndi malo amene mvula imalowabe pansi popanda cotsekereza.

Malasha ndi magetsi

Mitengo imene Lusaka amadya siili mu mzinda mokha. Mabanja ambiri amaphika pa mbaula, ndipo malasha amabwera pa njinga ndi pa malole kucokera ku Chongwe, Rufunsa, Chibombo ndi Mumbwa. Thumba lililonse lolowa m'tauni ndi mtengo umene wagwa kumudzi. Magetsi oposa magawo 80 pa 100 a dziko lino amapangidwa ndi mphamvu ya madzi, kotero mvula ikavuta, magetsi amacepa ndipo malasha amafunika kwambiri. Izi zinaoneka poyera mu 2024. Pa 29 Febuluwale caka cimeneco Pulezidenti Hakainde Hichilema analengeza kuti cilala ndi tsoka la dziko lonse. Madzi atacepa mu damu la Kariba, nyumba zina zinkakhala maola oposa 20 pa tsiku popanda magetsi, ndipo ngakhale amene anazolowera sitovu anabwerera ku mbaula.

Kuimba mlandu wootcha malasha yekha sikungathetse vutoli, pakuti iye amafuna ndalama ya sukulu ya ana ndipo wogula amafuna kuphika nsima. Cimene cingapulumutse mitengo ndi kupezeka kwa njira zina pa mtengo umene munthu wamba angakwanitse: gasi wogulitsidwa pang'onopang'ono, mbaula zosadya malasha ambiri, ndi magetsi a dzuwa ocepetsa kudalira Kariba.

Zinyalala ndi ngalande

Pakati pa 2013 ndi 2018, ndalama zokwana madola 355 miliyoni zocokera ku bungwe la Millennium Challenge Corporation la ku America zinagwiritsidwa nchito pa madzi, zimbudzi ndi ngalande mu Lusaka. Mwa zina, ngalande yaikulu ya Bombay inamangidwa ndi simenti kuti izicotsa madzi pakati pa mzinda ndi kuwatsogolera ku mtsinje wa Ngwerere. Koma ngalande imagwira nchito ikakhala yotseguka. Mabotolo, mapulasitiki ndi matewera otayidwamo amatseka njira, ndipo madzi amabwerera m'misewu ndi m'masitolo.

Zinyalala za mzinda ziyenera kupita ku Chunga, koma zambiri sizifikako. Zina zimaotchedwa, zina zimakwiriridwa kuseri kwa nyumba kapena kutayidwa m'maenje a miyala, mmene madzi ake oipa amatsikira pansi. Boma layesa njira zingapo. Mu 2007 Levy Mwanawasa anayambitsa nchito ya Keep Zambia Clean and Healthy, ndipo mu 2018 Edgar Lungu anaiyambitsanso ndi dzina lakuti Keep Zambia Clean, Green and Healthy. M'caka comweco ca 2018 kunabwera lamulo loletsa timapepala ta pulasitiki topyapyala kwambiri, ndi lina lakuti zitsime zobowola zizilembetsedwa ku bungwe la WARMA, loyang'anira madzi a m'dziko. Mu 2021 kunakhazikitsidwa unduna woona za cilengedwe ndi cuma cosaononga cilengedwe. Malamulo alipo. Cimene cimavuta ndi kuwatsata tsiku ndi tsiku, makamaka pogawa malo.

Zimene zingacitike

Nchito yoyamba ili m'manja mwa khonsolo ndi boma: kuika malire oonekera pa nkhalango, madambo ndi malo ozungulira zitsime zikuluzikulu za mzinda, ndi kukana kugawa mapuloti pamenepo, kaya wopempha ndi wolemera kapena wa cipani. Malo osewererapo ana amene atsala m'makomboni asasandutsidwe masitolo. Pokulitsa misewu, mitengo yogwetsedwa ilowedwe m'malo ndi ina, ndipo pakhale woisamalira kufikira itakula.

Nchito yaciwiri ili pa khomo la aliyense. Womanga nyumba asathire simenti pabwalo ponse, koma asiye mbali ya udzu kapena dimba kuti mvula ilowe. Madzi a padenga angasungidwe mu thanki kapena kutsogoleredwa ku mitengo. Cimbudzi cimangidwe ndi njerwa ndi simenti kuti cisadonthe, ndipo cikadzala aitanidwe anchito opopa zimbudzi, monga amene amagwira nchitoyi ku Kanyama ndi Chazanga, m'malo mokumba dzenje lina. Madzi a m'citsime cosazama aziwiritsidwa kapena kuthiridwa klorini. Makoko a mbatata ndi zotsala za ndiwo zingasanduke manyowa a m'dimba, kuti zinyalala zopita ku Chunga zicepe.

Kusankha mtengo nakonso n'kofunika. Mango, mapeyala ndi magwafa amapatsa mthunzi ndi cakudya pa puloti yaing'ono. Msangu ndi mkuyu ndi yoyenera pa masukulu ndi malo otakata, kutali ndi makoma ndi mipope. Bulugamu amamwa madzi ambiri, kotero sayenera kubzalidwa m'dambo kapena pafupi ndi citsime.

Pa 15 Disembala caka ciliconse dziko lino limakumbukira tsiku lobzala mitengo, ndipo mbande zambiri zimalowa m'nthaka. Koma mbande zoculuka zimafa cilimwe coyamba cifukwa ca mbuzi, moto ndi kusowa wothirira. Sukulu, mpingo kapena komiti ya msika imene yabzala mitengo 20 ndi kuisamalira zaka zitatu yacita zambiri koposa amene wabzala 1,000 ndi kuiiwala. Madzi amene ana a mu Lusaka adzatunga m'zaka zikubwerazi ndi mvula imene idzapeza polowera, ndipo malo olowerawo ndi amene akugawidwa kapena kusungidwa lero.