Mankhwala a Makoswe ndi Ziweto za Pakhomo ku Ilala

M'boma la Ilala, mumzinda wa Dar es Salaam, muli malonda ambiri a chakudya: masitolo a ku Kariakoo, msika wa Buguruni, malo ophera nyama ku Vingunguti ndi msika wa ng'ombe ku Pugu. Pamene pali chimanga ndi mpunga makoswe sasowa, ndipo mankhwala owaphera, amene pa Chiswahili amati sumu ya panya, nthawi zina amagulitsidwa m'timapepala topanda dzina. Agalu ndi amphaka amadya nyambo yothiridwa mankhwalawo, kapena khoswe amene waidya.

Mlangizi ayenera kusiyanitsa mitundu iwiri. Zinc phosphide ndi ufa wakuda umene ukakumana ndi asidi wa m'mimba umatulutsa mpweya wakupha wa phosphine. Chiweto chimadwala tsiku lomwelo, ndipo masanzi ake ndi oopsa kwa munthu, choncho chisamalidwe panja podutsa mphepo. Brodifacoum ndi bromadiolone ndi achinyengo: amaletsa magazi kuundana, koma zizindikiro zimadza patapita masiku 3 mpaka 5. Galu amafooka, nkhama zimayera, magazi amatuluka m'mphuno kapena m'chimbudzi. Mwini wake amakhala ataiwala kale za nyamboyo. Mankhwala ake ndi vitamini K1, amene dotolo wa ziweto amapereka kwa milungu 3 kapena 4.

Ngozi ina imachokera kwa mwini yemweyo, amene posafuna kuona nkhupakupa amasambitsa galu ndi dibi wa ng'ombe kapena mankhwala a m'dimba monga diazinon. Dovu lambiri, kunjenjemera ndi kutsekula m'mimba zimatsatira, ndipo ngati mankhwalawo ndi a mtundu wa diazinon, dotolo amabaya atropine. Chiwetocho chisambitsidwe msanga ndi sopo ndi madzi ambiri, wosambitsayo atavala magolovesi. Permethrin, amene galu amapirira, amapha mphaka.

Mwambo womwetsa mkaka kapena mafuta ophikira ngwofala m'maiko athu onse, koma suthandiza. Mafuta amafulumizitsa mankhwala ena kulowa m'magazi. Chiweto chokomoka chisasanzitsidwe. Chofunika ndicho kupita nacho kwa dotolo pamodzi ndi paketi ya mankhwalawo.

Ku Tanzania mankhwala otere amalembetsedwa ndi bungwe la TPHPA, lokhazikitsidwa ndi lamulo la mu 2020. Alangizi alimbikitse ogula kufuna paketi yolembedwa bwino, kuika nyambo m'kabokosi kokhala ndi kabowo kolowa khoswe yekha, ndi kukwirira makoswe akufa mozama m'mawa uliwonse.