CHOLOWA CHA ATATE M'MANJA MWA ANA: CHIMBALE CHA "THE LOW END THEORY"

Mau Oyamba

Pa 24 September 1991 kampani ya Jive Records ya ku New York idatulutsa chimbale chotchedwa The Low End Theory, ntchito ya gulu la A Tribe Called Quest. Anyamata atatu a gululi, Q-Tip, Phife Dawg ndi Ali Shaheed Muhammad, onse adabadwa m'chaka cha 1970. Chimbalechi chiyenera kuchilingalira mofatsa, pakuti chimayankha funso lakale lomwe limavuta mtundu uliwonse wa anthu: kodi mwana achite nacho chiyani chimene atate ake adamsiyira? Achitsekere m'bokosi kuti chisaonongeke, kapena achigwiritse ntchito ngakhale chisinthe maonekedwe? Ndipo akachigwiritsa ntchito, ali ndi ngongole yanji kwa amene adachipanga?

1. Atate ndi Ana

Nyimbo za jazz zidabadwira ku New Orleans kuchiyambi kwa zaka za m'ma 1900, pakati pa anthu akuda, zidzukulu za akapolo. M'zaka za m'ma 1940 Charlie Parker ndi Dizzy Gillespie adayambitsa kaimbidwe kofulumira kotchedwa bebop, momwe woimba amapeka nthawi yomweyo pamene akuimba. Koma pofika zaka za m'ma 1980 achinyamata ambiri ankaona jazz ngati tsobola wakale amene sawawa, nyimbo za madoda okhala pansi.

Achinyamatawo anali ndi zaozao. M'chaka cha 1973, ku Bronx, DJ Kool Herc ankatenga mbale ziwiri zofanana za galamafoni, nkumabwereza chigawo chokhacho chimene ng'oma zimalira zokha, kuti anthu avine nthawi yaitali. Ena adayamba kulakatula mau motsata kugunda kwa ng'omazo, ndipo kulakatula kumeneku ndiko kumatchedwa rap. Umu ndimo idayambira hip hop. Pambuyo pake padabwera makina otchedwa sampler, amene amajambula kachigawo ka nyimbo ya wina nkumakabwereza kosalekeza. Ntchito imeneyi tiitcha "kutapa", monga amatapira mai ufa m'dengu. Makina otchuka a nthawi imeneyo, SP-1200, ankasunga mau a masekondi 10 okha. Choncho wotapa ankayenera kukhala ndi khutu lakuthwa, lodziwa pamene pagona moyo wa nyimbo.

2. Kapangidwe ka Chimbalechi

Q-Tip adakulira ku Queens, m'nyumba ya bambo wokonda kusonkhanitsa mbale za jazz. Nyimbo yoyamba ya chimbalechi, "Excursions", imayamba ndi besi wotapidwa m'nyimbo ya Art Blakey ndi gulu lake la Jazz Messengers, ndipo m'mau ake oyambirira Q-Tip akukumbukira kuti bambo wake, atamva hip hop, adati ikumkumbutsa bebop. Apa ndiye pagona mfundo ya ntchito yonseyi: chimene ana ankayesa chao chatsopano, atate adachizindikira ngati mwana wapakhomo.

Chimbale chao choyamba, cha mu 1990, chinali chodzaza ndi mau a mitundumitundu. Pa chachiwirichi adasankha njira yochotsa. Ku Battery Studios ku New York, mothandizidwa ndi katswiri wojambula mau, Bob Power, adasenda zonse zosafunikira mpaka padatsala zitatu: besi, ng'oma ndi liu la munthu. Power ankayeretsa mau otapidwa m'mbale zakale zokandika, kuti besi amveke wolemera koma osaphimba mau a olakatula. Dzina la chimbalechi limaloza mau apansi a besiwo, komanso ambiri amalimva ngati loloza anthu akuda amene adaikidwa pansi m'dziko la America.

Chinthu chachiwiri chofunika ndi kubwera kwa Ron Carter, mkulu woimba besi wamkulu wa nsambo zinai, amene adaimba m'gulu la Miles Davis kuyambira 1963 mpaka 1968. Anyamatawa sadakhutire ndi kutapa mau a akuluakulu m'mbale; adapempha mmodzi wa iwo kuti abwere yekha. Carter adavomera, koma adaika lamulo: m'nyimbo imene iye aimbemo musakhale zotukwana. Motero idabadwa "Verses from the Abstract", momwe Q-Tip amamtchula mkuluyo dzina ndi kumthokoza. Sitikunena kuti chimbale chonse nchoyera pakamwa. M'nyimbo zina muli mau osayenera kuwabwereza. Koma tione zimene zidachitika apa. Mkulu sadakane ana, ndiponso sadangowagonjera; ana sadachite manyazi kupempha, ndiponso adalandira malire. Mau a akuluakulu akoma akagonera.

Chachitatu ndi kudzuka kwa Phife Dawg. Pa chimbale choyamba adamveka m'nyimbo zowerengeka chabe. M'chaka cha 1990 adapezeka ndi matenda a shuga, koma m'malo mobwerera m'mbuyo adalimbikira, nakhala mnzake wolingana naye wa Q-Tip. Liu la Q-Tip ndi lofewa ndi losinkhasinkha; la Phife ndi lakuthwa, lanthabwala, la munthu wamba. M'nyimbo ya "Check the Rhime" awiriwa amapatsirana mau, wina kufunsa wina kuyankha, pokumbukira ubwana wao pa mseu wa Linden Boulevard. Kupatsirana kotereku nkomwe oimba jazz amachita ndi malipenga ao. Ndiye kuti jazz sidalowe m'chimbalechi ngati chokometsera chapamwamba ai; idalowa m'kaganizidwe kake.

3. Kutapa Kapena Kuba?

Pano wina atha kutsutsa. Kodi kutenga mau amene munthu wina adakhetsera thukuta si kuba? Funsoli silopepuka. Pasanathe miyezi itatu chitulukire chimbalechi, mu December 1991, woweruza Kevin Thomas Duffy wa ku New York adagamula mlandu wa Biz Markie, woimba wina wa hip hop amene adatapa nyimbo ya Gilbert O'Sullivan popanda chilolezo. Woweruzayo adatsegula chigamulo chake ndi lamulo lija la m'buku la Eksodo loletsa kuba. Kuyambira pamenepo makampani adayamba kuumirira kuti mau aliwonse otapidwa alipiridwe nyimbo isanatuluke.

Kuti tiyankhe bwino tiyenera kusiyanitsa zinthu ziwiri. Choyamba ndi funso la luso: kodi wotapa amapanga chatsopano? Apa jazz yeniyeniyo ichitira umboni ana ake. Charlie Parker adamanga nyimbo yake "Ko-Ko", ya mu 1945, pa maziko a nyimbo yakale yotchedwa "Cherokee", ndipo palibe amene amakana kuti idali ntchito yakeyake. Munthu salenga kuchokera ku chabe. Amaumba ndi dothi limene walipeza. Kusankha masekondi ochepa pakati pa mbale mazanamazana, kuwalumikiza ndi ng'oma za kwina, nkuwapatsa tanthauzo lina, imeneyi ndi ntchito ya nzeru.

Chachiwiri ndi funso la chilungamo, ndipo kupambana pa luso sikulithetsa. Clyde Stubblefield, woimba ng'oma wa James Brown, kaimbidwe kake ka m'nyimbo ya "Funky Drummer" kadatapidwa m'nyimbo mazana ambiri, koma iye sadalandire gawo la phindu lake, pakuti lamulo silinkamuwerengera ngati mwini nyimbo. Apa tikuona kuti lamulo la boma ndi chilungamo sizikumana nthawi zonse: ndalama zikhoza kulipiridwa kwa kampani, pamene manja amene adaimba atsala opanda kanthu. Anyamata a A Tribe Called Quest ankadziwa chinyengo cha malonda amenewa, ndipo adachidzudzula m'nyimbo ya "Show Business". Tsono wolandira cholowa ali ndi ngongole ziwiri, kutchula dzina ndi kupereka gawo. Nchifukwa chake nkhani ya Ron Carter ili yolemera chotere: iye adaitanidwa, adafunsidwa, adatchulidwa.

4. Zipatso Zake

Chimbalechi sichidagulidwe mwaphuma. Chidafika pa nambala 45 chabe pa mndandanda wa Billboard, ndipo mpaka mu 1995 mpamene chidavomerezedwa kuti chagulidwa makope miliyoni imodzi. Koma mizu yake idazama. Nyimbo yomaliza, "Scenario", idatchukitsa mnyamata wina, Busta Rhymes. A Tribe Called Quest sanali oyamba kusakaniza jazz ndi hip hop, koma adaonetsa kuti nzotheka popanda kufooketsa iliyonse mwa ziwirizi. M'chaka cha 1993 Guru adatulutsa Jazzmatazz pamodzi ndi akuluakulu onga Donald Byrd ndi Roy Ayers. Bob Power adapitiriza kugwira ntchito ndi The Roots, D'Angelo ndi Erykah Badu. J Dilla wa ku Detroit, amene kagundidwe ka ng'oma zake kadasintha oimba ambiri, adagwira ntchito ndi Q-Tip ndi Ali kuyambira pa chimbale cha mu 1996.

Chodabwitsa nchakuti mtsinje udabwereranso kumene udachokera. Oimba jazz amene adakula akumva hip hop adayamba kuimba ndi manja zimene kale makina ankabwereza: Robert Glasper pa Black Radio mu 2012, ndiponso Kamasi Washington ndi Thundercat pa chimbale cha Kendrick Lamar, To Pimp a Butterfly, mu 2015. Phife Dawg adamwalira pa 22 March 2016 ali ndi zaka 45, chifukwa cha matenda a shuga aja. M'chaka cha 2022 Library of Congress idaika The Low End Theory m'kaundula wa nyimbo zoyenera kusungidwira mibadwo yam'tsogolo.

Mau Otsiriza

Jazz ikadatsalira m'manja mwa oisunga okha, ikadalemekezedwa koma osamvedwa ndi ana. Ana akadaitapa mosatchula eni ake, ikadamveka koma yopanda dzina. Anyamata atatuwa adapeza njira yachitatu, imene ili yovuta chifukwa imafuna kudzichepetsa kwa mbali zonse ziwiri. Lero chimbale chao nachonso chasanduka cholowa, ndipo ngongole imene iwo anali nayo kwa Art Blakey ndi Ron Carter yagwera onse amene amatapa kwa iwo.